Malemu Rodwell Munyenyembe: Mphunzitsi Amene Anakhala Sipikala Kawiri

Kwa ife a kuno ku Phalombe, Chitipa ndi kutali, koma dzina la mwana wa bomalo, malemu Rodwell Munyenyembe, liyenera kudziwika kwa mphunzitsi aliyense ndi wogwira ntchito m'boma aliyense. Iwo anabadwa m'chaka cha 1936, ndipo asanalowe ndale anali mphunzitsi amene anakasula luso lake ku Mangalande pa kaphunzitsidwe ka ana osamva. Aphunzitsi anzathu akudziwa kuti ntchito imeneyi siyifuna munthu wa phuma.

M'zaka za m'ma 1970 a Munyenyembe anali phungu ndiponso nduna m'boma la Dr. H. Kamuzu Banda. Masiku amenewo Nyumba ya Malamulo inali ya chipani chimodzi, ndipo Sipikala sankavutika kuweruza mikangano, pakuti yoonekera inali yochepa.

Zinthu zinasintha pa chisankho cha 1994. Mwa mipando 177, chipani cha UDF chinapeza 85, Malawi Congress Party 56, ndipo AFORD 36. Panalibe chipani chimene chikanatha kulamulira Nyumbayo pachokha. Aphungu anasankha a Munyenyembe, a chipani cha AFORD, kukhala Sipikala, ndipo kwa zaka zisanu anatsogolera anthu amene anali kungophunzira kumene kutsutsana popanda kudana. Chiyeso chachikulu chinadza mu 1996, pamene AFORD inatuluka m'boma la mgwirizano koma ena mwa aphungu ake anakana kusiya unduna. Zipani zotsutsa zinanyanyala zokambirana kwa miyezi yambiri. Alipo amene anadzudzula Sipikala kuti anachita ulesi pa nkhaniyi, ndipo sitinganene kuti dandaulo lawo linalibe maziko. Komabe tiyenera kukumbukira kuti malamulo a dziko anali atsopano, ndipo panalibe wina amene anayendapo njirayo kuti iwo atengereko chitsanzo.

Atachoka pa mpandowo mu 1999, anadzakhala Nduna ya Zachitetezo m'boma la a Bakili Muluzi. Mu 2004 aphungu anawabwezera pa mpando wa Sipikala, chinthu chimene sichichitika kwa munthu amene anzake anamutaya chikhulupiriro.

Ulendo wachiwiriwu unali wowawa koposa. Mu February 2005 Pulezidenti Bingu wa Mutharika anatuluka m'chipani cha UDF chimene chinawaika pa mpando, nayambitsa chipani chawo cha DPP. Aphungu amene anakwiya ndi zimenezi anayamba kufuna njira yochotsera Pulezidenti, pamene ndondomeko ya chuma cha boma, imene malipiro a aphunzitsi ndi mankhwala a m'zipatala amadalira, inali kudikira. Pa 23 June 2005, mkangano wa nkhani imeneyi uli mkati ku Lilongwe, aphungu akukuwizana mbali ndi mbali, a Munyenyembe anakomoka ali pa ntchito yawo m'Nyumbamo. Munthu amene anadziwa kulankhula ndi ana osamva anagwa pakati pa akuluakulu a makutu abwinobwino amene sanafune kumverana.

Anawatengera ku chipatala ku Johannesburg, kumene anamwalira pa 27 June, ali ndi zaka 69. Zokambirana za Nyumbayo zinayamba zaimitsidwa, ndipo pambuyo pake aphungu anasankha a Louis Chimango kulowa m'malo mwawo.