Steve Chimombo ndi Napolo wa m'Phiri la Zomba

Steve Chimombo anabadwira ku Zomba mu 1945. Chaka chotsatira phiri la Zomba linagumuka, madzi ndi miyala n'kupha anthu, ndipo akuluakulu anati wadutsa ndi Napolo, chinjoka chokhala pansi pa phiri. Atakula n'kuyamba kuphunzitsa pa Chancellor College, Chimombo anasandutsa Napolo yemweyu mutu wa ndakatulo zake. Analembanso sewero lokamba za M'bona lotchedwa The Rainmaker, ndipo anayambitsa magazini ya zaluso ya WASI.

Ine ndimaona kuti Napolo anali chishango chake. M'nthawi ya Dr Banda, pamene Jack Mapanje anatsekeredwa mu 1987, Chimombo ankadzudzula nkhanza mobisalira m'nthano za makolo. Ankalemba m'Chingerezi, koma mizu yake inali kwathu konkuno. Anamwalira mu 2015.