Masauko Chipembere ndi Pantoni ya pa Liwonde

Malemu Henry Masauko Chipembere anabadwa pa 5 August, 1930, ndipo bambo awo anali mbusa wa mpingo wa Anglican. Atatsiriza maphunziro ku Blantyre Secondary School, ku Goromonzi ndi ku Fort Hare, anagwirako ntchito m'boma la Atsamunda. M'chaka cha 1956 anasankhidwa kulowa m'Nyumba ya Malamulo, ndipo iwo ndi a Kanyama Chiume ndiwo analimbikira kuti Dr. Banda abwere kudzatsogolera Congress.

M'mwezi wa March, 1959, Bwanamkubwa atalengeza kuti dziko lili pa ngozi, a Chipembere anamangidwa natumizidwa ku ndende ya Gwelo pamodzi ndi Dr. Banda ndi a Dunduzu Chisiza. Sanawazenge mlandu, chikalata cha Bwanamkubwa ndicho chinawasunga m'ndende mpaka September, 1960. Motero anaudziwa bwino ululu wa kutsekeredwa popanda woweruza kumva mbali yawo. Komabe pofuna umodzi, iwo anali mmodzi wa amene anakweza mtsogoleri wa chipani pamwamba pa aliyense, osaona kuti akusula mpeni umene udzawacheka okha.

Dziko litangolandira ufulu mu July, 1964, Dr. Banda anafuna kubwezeretsa lamulo lotsekera anthu popanda mlandu. Nduna ina, a Colin Cameron, inatula pansi udindo chifukwa cha ichi, ndipo nkhaniyi inali imodzi mwa zimene nduna zinakangana nazo ndi Dr. Banda. Mu September a Chipembere, amene anali Nduna ya Maphunziro, anasiya udindo pogwirizana ndi anzawo ochotsedwa. Posakhalitsa analamulidwa kuti asatalikire mudzi wawo wa Malindi, ndipo panalibe bwalo limene akanadandaulako. Iwo analowa m'thengo.

Usiku wa pa 12 February, 1965, a Chipembere ndi amuna pafupifupi 200 analanda boma la Fort Johnston, lero Mangochi, nayamba ulendo wa ku Zomba kudzera ku Ulongwe, dera limene tsopano lili m'boma la Balaka. Atafika pa mtsinje wa Shire pa Liwonde anapeza pantoni ili tsidya lina, ndipo asanapeze njira yowolokera asilikali a boma anafika. Ulendo unathera pomwepo.

Amene analipa kwambiri anali anthu a m'midzi ya m'chigawocho. Ambiri anatengedwa natsekeredwa ku Dzeleka, pansi pa malamulo a chitetezo a 1965 amene anapatsa nduna mphamvu yosunga munthu nthawi yosawerengeka. A Chipembere anathawira ku America, nakhalako ku Tanzania, kenaka nabwerera ku California kumene ankaphunzitsa. Anamwalira ku Los Angeles pa 24 September, 1975, ndi nthenda ya shuga.

Panapita zaka 19 chimwalirire iwo kuti malamulo aakulu a dziko a 1994 akhazikitsidwe. Gawo 42 la malamulowa limapatsa womangidwa ufulu wakuti aonekere ku khoti pasanathe maola 48, ndiponso wakuti apemphe woweruza kuunika ngati kumangidwa kwake kuli kovomerezeka. Pa Liwonde tsopano pali mlatho. Wowoloka pamenepo akumbukire kuti ufulu wa dziko unabwera mu 1964, koma ufulu wa munthu womangidwa unachedwa zaka 30.