Bambo Teilhard de Chardin, Wansembe Wowerenga Miyala

Pierre Teilhard de Chardin adabadwa pa 1 Meyi 1881 ku Sarcenat, m'chigawo cha Auvergne, m'dziko la France. Adali wachinayi m'banja la ana khumi ndi mmodzi. Ali mwana ankatola tizitsulo n'kumabisa ngati chuma, poganiza kuti palibe chinthu cholimba koposa chitsulo. Ataona kuti nacho chimachita dzimbiri, mtima wake udatembenukira ku miyala, ndipo sadaisiyenso mpaka imfa.

M'chaka cha 1899 adalowa chipani cha Ajezuiti. Adakaphunzitsako sayansi ku Cairo kwa zaka zitatu, kenaka adalandira unsembe ku England pa 24 Ogasiti 1911. Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itabuka, Bambo Teilhard adagwira ntchito yonyamula asilikali ovulala pa machira kufikira nkhondoyo itatha. Atabwerako adamaliza maphunziro apamwamba a miyala ndi mafupa akale mu 1922, namaphunzitsa pa sukulu yaukachenjede ya Akatolika ku Paris.

Tsono munthu wa malumbiro a umphawi alibe ndalama zakezake, pomwe ulendo wokafufuza zam'nthaka umadya ndalama zambiri. Pamafunika nyama zonyamula katundu, anthu okumba, chakudya cha miyezi ingapo ndiponso mabokosi otumizira zofukulidwazo. N'chifukwa chake maulendo a Bamboyu ankadalira thumba la ena. Woyamba udali wa mu 1923, pamene nyumba yosungira zachilengedwe ya ku Paris idawatuma ku China kukathandizana ndi Mjezuiti mnzawo, Bambo Émile Licent. Awiriwa adalowa m'chipululu cha Ordos, ndipo pamalo otchedwa Shuidonggou adafukula zida zamiyala zosema anthu akalekale. M'chipululu momwemo, atasowa mkate, vinyo ndi guwa, Bambo Teilhard adalemba pemphero lopereka kwa Mulungu ntchito ndi masautso a dziko lonse m'malo mwa nsembe ya Misa.

Atabwerera ku Paris adapeza mlandu. Adaalembapo kapepala koyesa kugwirizanitsa chiphunzitso cha tchimo lobadwa nalo ndi zimene asayansi amanena, zakuti zamoyo zakhala zikusintha pang'onopang'ono. Kapepalako kadafika ku Roma. Akuluakulu awo adawaletsa kuphunzitsa, ndipo mu 1926 adabwerera ku China. Anzawo ena adawalangiza kuti angotuluka m'chipani, koma iwo adakana.

Chimene chidaoneka ngati chilango chidawafikitsa pamalo oyenera pa nthawi yoyenera. Pa mtunda wa makilomita pafupifupi 50 kuchokera ku Peking, mzinda umene lero timautcha Beijing, pali phiri la mapanga la Zhoukoudian. Dokotala wa ku Canada, Davidson Black, adapempha thandizo ku bungwe la Rockefeller Foundation, lomwe chuma chake chidachokera ku malonda a mafuta ku America, ndipo kukumba kudayamba mu 1927. Mu Disembala 1929 mnyamata wa ku China komweko, Pei Wenzhong, adatulutsa chigaza cha munthu wakale amene adatchuka ndi dzina loti Peking Man. Ambiri amanena kuti adachipeza ndi Bambo Teilhard, koma si choncho ayi, ulemuwo ndi wa Pei.

Nanga ntchito yawo idali yotani? Fupa likangozulidwa popanda wina wolemba pamene lidagona, limasanduka mboni yosalankhula. Dothi la m'phanga limasanjikizana, lakale pansi, latsopano pamwamba. Bambo Teilhard, pamodzi ndi katswiri wina dzina lake Yang Zhongjian, ankayang'ana msanjiko uliwonse, kuzindikira mafupa a agwape, afisi ndi nyama zina zomwe zidatha kalekale, n'kuyerekeza ndi za malo ena kuti adziwe nyengo imene munthuyo adakhalako. Ndi ntchito ya fumbi, yosatchukitsa munthu, koma popanda iyo chigaza chija chikadangokhala chodabwitsa chabe. Lero akatswiri amati anthu amenewa adali a mtundu wa Homo erectus, ndipo adakhala m'phangamo zaka zoposa 200,000 zapitazo.

Opereka ndalama sadali onse a mtima umodzi. Ulendo wa 1931 mpaka 1932 wodutsa pakati pa Asia udalipiridwa ndi kampani ya Citroën, imene inkafuna kuonetsa dziko kulimba kwa galimoto zake. Bamboyu adakwera nawo, eni ake akusamala za malonda, iwo akusamala za miyala.

Kukumba ku Zhoukoudian kudaima mu 1937 asilikali a Japan atalowa m'deralo. Mu 1941 mafupa a anthu pafupifupi 40 adalongedzedwa m'mabokosi kuti apite ku America, koma adasowa panjira ndipo mpaka lero sadapezeke. Chidatsala ndi zifanizo zoumba ndi zolembalemba za akatswiri aja.

Pa zaka za nkhondozi adalemba buku lawo lalikulu, Le Phénomène humain, lofotokoza kuti chilengedwe chonse chili paulendo wopita kwa Khristu. Mu 1948 adapita okha ku Roma kukapempha chilolezo cholisindikiza, koma adawakaniza, pamodzi ndi mpando wauphunzitsi ku Collège de France. Adawawidwa mtima kwambiri, komabe adamvera. Bungwe lina la ku America, Wenner-Gren Foundation, lidawatuma ku South Africa mu 1951 ndi 1953 kukaona mapanga a mafupa akale, ndipo adabwerako atakhutira kuti chiyambi cha munthu chiyenera kufunidwa muno mu Africa.

Adamwalira ku New York pa 10 Epulo 1955, tsiku la Pasaka, ndipo pa maliro awo padali anthu owerengeka. Buku lija lidatuluka chaka chomwecho kudzera mwa mlembi wawo amene adamusiyira zolemba zonse. Mu 1962 Roma adachenjeza kuti ophunzira, makamaka achinyamata, atetezedwe ku zolakwika za m'mabuku awo. Mu 2023 Papa Francis, atatha kuchita Misa ku Mongolia, adawatchula dzina pokumbukira zaka 100 za pemphero lija la m'chipululu cha Ordos.