Jean Rouch

Jean Rouch (31 Meyi 1917 – 18 Febuluwale 2004) anali Mfalansa wojambula mafilimu a zochitika zenizeni komanso katswiri wa maphunziro a chikhalidwe cha anthu. Anajambula mafilimu oposa 100, ambiri kumadzulo kwa Africa. Amadziwika kwambiri chifukwa chopatsa anthu amene ankawajambula mpata woti nawonso anenepo maganizo awo pa filimuyo.

Chiyambi cha ntchito yake

Rouch anabadwira ku Paris ndipo anaphunzira uinjiniya wa misewu ndi milatho. Mu 1941 anapita kukagwira ntchito ku Niger, dziko lomwe panthawiyo linkalamulidwa ndi France. Kumeneko anadziwana ndi Damouré Zika, wochokera m'banja la asodzi a mtundu wa Sorko, amene anamuthandiza kuona miyambo ya mizimu ya anthu a mtundu wa Songhay. Awiriwa anagwirira ntchito limodzi mpaka imfa ya Rouch.

Mu 1946 ndi 1947 Rouch ndi anzake awiri anatsetsereka mtsinje wa Niger pabwato ali ndi kamera yaing'ono ya 16mm. Miyendo yoimikapo kamerayo itatayika paulendowo, anayamba kujambula atainyamula m'manja, ndipo njirayi sanaisiyenso.

Kajambulidwe kake

Filimu ya Bataille sur le grand fleuve imaonetsa asodzi akusaka mvuu mumtsinje wa Niger. Rouch atabwerera ku Ayorou kukaionetsa kwa eni ake, asodziwo anadandaula ndi nyimbo zimene anaikamo, ponena kuti nyimbo zimailimbitsa mtima mvuu ndipo ulenje umafuna bata. Iye anavomereza, ndipo kubweza filimu kwa ojambulidwa kuti aidzudzule kunakhala mwambo wake.

Ankasakanizanso zenizeni ndi zopeka. Mu Moi, un noir (1958), anyamata ochokera ku Niger ogwira maganyu ku Abidjan amasewera moyo wawo womwe, ndipo mmodzi wa iwo, Oumarou Ganda, ndiye amafotokoza nkhaniyo m'mawu akeake. Pambuyo pake Ganda anakhala wojambula mafilimu wotchuka ku Niger. Mu Chronique d'un été (1961), imene anapanga ndi Edgar Morin, kamera inatembenukira kwa anthu a ku Paris, ndipo filimuyi inatchukitsa njira yotchedwa cinéma vérité.

Mikangano

Filimu ya Les Maîtres fous (1955), yojambulidwa pafupi ndi Accra, imaonetsa anthu a gulu la Hauka atagwidwa ndi mizimu yotsanzira akuluakulu a boma la atsamunda. Boma la Britain ku Gold Coast linailetsa, pomwe ophunzira ena a ku Africa anati imanyozetsa anthu akuda. Ousmane Sembène wa ku Senegal anadzudzula Rouch kuti amayang'ana anthu a mu Africa ngati tizilombo tofufuzidwa. Funso loti woyenera kufotokoza moyo wa anthu a mu Africa ndi ndani likadali lamoyo mpaka lero.

Zaka zomaliza

Mu 1978 Rouch anathandiza kuphunzitsa achinyamata a ku Mozambique kujambula ndi makamera aang'ono a Super 8 ku yunivesite ya Eduardo Mondlane ku Maputo, kuti azijambula okha za dziko lawo. Ntchitoyi inabala sukulu ya Ateliers Varan ku Paris mu 1981. Anamwalira pa ngozi ya galimoto pafupi ndi Birni N'Konni ku Niger ali ndi zaka 86, ndipo anaikidwa m'manda ku Niamey.