Mbili ya a Ibn al-Haytham, katswili amene anayesa mabuku a akale

Pakati pa anthu amene anakonza njila imene asayansi amafufuzila coonadi, dzina la a Ibn al-Haytham limachulidwa ndi ulemu waukulu. Iwo anabadwa ca m'ma 965 mu mzinda wa Basra, umene tsopano uli m'dziko la Iraq, ndipo anamwalila ca m'ma 1040 ku Cairo, m'dziko la Egypt. Ku Ulaya anadziwika ndi dzina lakuti Alhazen. Ciphunzitso cacikulu cimene anasiya ndi cakuti mau a munthu wophunzila, ngakhale akhale wochuka motani, ayenela kuyesedwa asanalandilidwe monga coonadi.

Ali mnyamata, anaphunzila masamu ndi zakuthambo, ndipo anawelenga mabuku a akatswili akale monga Euclid, Aristotle, Galen ndi Ptolemy, amene anali atamasulidwa kale m'Ciarabu. Mbili yao inafika kwa mfumu al-Hakim, imene inalamulila Egypt kucokela mu 996 kufikila mu 1021. Olemba mbili a zaka za m'ma 1200 amasimba kuti a Ibn al-Haytham ananena kuti angathe kulamulila kusefukila kwa mtsinje wa Nile, kuti alimi asamavutike madzi akaculuka kapena akacepa. Mfumu inawaitanitsa ndi kuwapatsa amisili.

Gululo linalowela kum'mwela kufikila pafupi ndi Aswan. Ataona kukula kwa mtsinjewo ndi mphamvu ya madzi ake, a Ibn al-Haytham anazindikila kuti nchitoyo siikanatheka. Anabwelela ku Cairo kukauza mfumu kuti zimene analonjeza zalepheleka. Kutelo kunali kuika moyo pa ciswe, pakuti al-Hakim anali wodziwika ndi kupha nduna zake. Malinga ndi olemba mbili omwewo, katswiliyu anadzionetsa ngati wamisala kuti apulumuke, ndipo anatsekeledwa m'nyumba kufikila ulamulilo wa mfumuyo utatha mu 1021. Damu loyamba pa Aswan linamalizidwa mu 1902, patapita zaka pafupifupi 900.

Atamasulidwa, anakhala pafupi ndi mzikiti wa al-Azhar, ndipo anali kupeza zofunika pa moyo mwa kukopela pamanja mabuku a masamu ndi a zakuthambo. Ku Cairo komweko analemba buku lao lochuka la Kitab al-Manazir, la zigawo 7, lofotokoza za kuwala ndi kupenya.

Funso limene bukuli linayankha linali lakalekale: kodi munthu amaona bwanji? Euclid ndi Ptolemy anaphunzitsa kuti diso limatulutsa ceza cimene cimakakhudza cinthu. A Ibn al-Haytham anakana zimenezi. Anakumbutsa owelenga kuti munthu akayang'ana dzuwa maso amapweteka, ndipo akapenyetsetsa cinthu cowala kwambili, kenaka n'kuyang'ana pamdima, cithunzi cake cimatsalila kwa kanthawi. Zimenezi zionetsa kuti pali cinthu cimene cimacokela kunja ndi kulowa m'diso. Iwo anafotokoza kuti kuwala kumacoka pa kadontho kalikonse ka cinthu, kumayenda m'mizele yoongoka, ndipo kwina kumafika m'diso.

Sanalekele pa kuganiza cabe. Anaika nyale zingapo kunja kwa malo amdima okhala ndi kabowo, ndipo pa khoma la mkati panaoneka madontho owala ofanana ndi ciwelengelo ca nyalezo. Akaphimba nyale imodzi, dontho loyang'anizana nayo linali kuzimilila. Akaivundukula, linali kubwelanso. Apa panaonekela kuti kuwala kwa nyale iliyonse kumadutsa pa kabowo moongoka, kosasokonezana ndi kwa nyale zina. Anayesanso mmene kuwala kumabwelela pa kalilole ndi mmene kumapindikila polowa m'madzi ndi m'galasi. Zipangizo zao anazilongosola mwatsatanetsatane, kuti wowelenga aliyense athe kuzipanga ndi kudzionela yekha, m'malo mongokhulupilila wolemba.

Cigawo cacitatu ca bukuli cinafotokoza mmene maso amanyengela munthu. A Ibn al-Haytham anaphunzitsa kuti diso limalandila kuwala ndi mtundu, koma kukula kwa cinthu, kutalika kwa pamene cili ndi kuyenda kwake, zimadziwika ndi maganizo poyelekeza ndi zimene munthu anaona kale. Conco kuwala kukacepa kapena cinthu cikatalikila, maganizo angathe kulakwa. Kwa iwo, ngakhale umboni wa maso unafunikila kuupima.

Buku lina lofunika ndi la al-Shukuk ala Batlamyus, kutanthauza zokayikitsa za m'mabuku a Ptolemy. Pa nthawiyo buku la Ptolemy la Almagest linali litalemekezedwa kwa zaka zoposa 800. A Ibn al-Haytham anaonetsa kuti ena mwa mayendedwe amene Ptolemy anapatsa mapulaneti, ngakhale anali kuthandiza pa masamu, sakanacitika pa zinthu zenizeni zakumwamba. Kumayambililo kwa bukulo analangiza wofuna coonadi kuti afufuze mbali zonse za zimene awelenga popanda kuopa dzina la wolemba, ndi kuti adzikayikilenso iye mwini, kuopa kukondela kapena kuipidwa ndi wolemba popanda cifukwa.

Kitab al-Manazir inamasulidwa m'Cilatini ca m'ma 1200, ndipo akatswili monga Roger Bacon ndi Witelo anaigwilitsila nchito kwambili. Ca m'ma 1300, Kamal al-Din al-Farisi wa ku Persia anailembela ndemanga, ndipo anafotokoza utawaleza poyesa kuwala ndi mpila wagalasi wodzaza madzi. Mu 1572 Friedrich Risner anasindikiza bukulo ku Basel. Mu 2015, caka cimene bungwe la United Nations linapatulila nkhani za kuwala, dzina la a Ibn al-Haytham linakumbukilidwa m'maiko ambili, ndipo cigwa cina pa mwezi cimachedwa Alhazen.

Si zonse zimene analemba zimene zinali zolondola. Iwo anakhulupilila kuti dziko lapansi lili pakati pa cilengedwe conse, ndi kuti mbali ya diso imene imayamba kumva kuwala ndi kagalasi ka mkati mwake. Mu 1604 Johannes Kepler, amene anawelenga buku losindikizidwa ndi Risner, anaonetsa kuti cithunzi cimapangika kumbuyo kwa diso, ndipo cimakhala cozondoka. Kepler anawaongolela potsatila malangizo amene iwo eni anasiya: kuwelenga buku la katswili mosamala, kenaka n'kuliyesa.