Imam al-Ghazali ndi Funso Lakuti Tadziwa Bwanji

Tiyamike Allah amene watisonkhanitsa pa tsiku lino la Jumu'ah, ndipo madalitso ndi mtendere zikhale kwa Mtumiki wake Muhammad, akubanja lake ndi maswahaba ake onse.

Abale ndi alongo athu m'Chisilamu, khutba ya lero ikukamba za Imam Abu Hamid al-Ghazali, Allah awachitire chifundo. Adali a madhhab a Imam Shafi'i, omwenso ambiri a ife kuno timatsata. Adabadwira ku Tus, m'dera la Khurasan, komwe lero ndi dziko la Iran, m'chaka cha 1058. Bambo awo adamwalira iwo akali mwana, ndipo mnzawo wa malemuyo amene adasiyiridwa anawo, ataona kuti ndalama zatha, adawalangiza iwo ndi m'bale wawo Ahmad kuti akalowe madrassa, poti kumeneko ophunzira ankapatsidwa chakudya.

Olemba mbiri amasimba kuti pobwerera kuchokera ku Jurjan, komwe adakaphunzira, achifwamba adawalanda katundu yense, ndi thumba la zolemba zawo lomwe. Mnyamatayo adawalondola nkuwachonderera kuti amubwezere mapepalawo, popeza maphunziro ake onse adali m'menemo. Mkulu wa achifwamba adaseka, nkumufunsa kuti ndi maphunziro anji amene amatha munthu akangolandidwa thumba. Mapepala adabwezedwa, koma funsolo lidamulasa, moti adakhala zaka zitatu ku Tus akuloweza pamtima zonse zimene adalemba.

Kenako adaphunzira ku Nishapur pamapazi a Imam al-Juwayni mpaka mphunzitsiyo atamwalira mu 1085. Mu 1091 nduna yaikulu Nizam al-Mulk idawapatsa mpando wa uphunzitsi pa madrassa ya Nizamiyya ku Baghdad, ndipo ophunzira pafupifupi 300 ankakhala pamaso pawo.

M'buku lawo la al-Munqidh min al-Dalal akusimba zimene ambiri a ife timachita nazo manyazi kunena. Adaona kuti mwana amakula ndi chipembedzo cha makolo ake, Mkhristu, Myuda ngakhale Msilamu, ndipo adadzifunsa kuti pa zonse zimene ankakhulupirira, ndi ziti ankazidziwadi, ndi ziti adangozilandira. Adafuna kudziwa kosagwedezeka, kofanana ndi kudziwa kuti 10 ndi wamkulu kuposa 3, kumene sikungasinthe ngakhale wotsutsayo atasandutsa ndodo kukhala njoka pamaso pako. Adayamba kuyesa maso. Maso amaona mthunzi ngati waima, pomwe ukuyenda pang'onopang'ono. Amaona nyenyezi ngati kandalama kachitsulo, pomwe masamu amasonyeza kuti ndi yaikulu kuposa dziko lathu. Ngati nzeru yagwira maso akunama, nanga palibe woweruza wina pamwamba pa nzeru amene angaigwire nayonso? Munthu wolota amakhulupirira maloto ake mpaka atadzuka. Kukayika kumeneku kudawagwira pafupifupi miyezi iwiri ngati nthenda, ndipo iwo eni akunena kuti chidawachiritsa ndi kuwala kumene Allah adaika mumtima mwawo, kumene kudawabwezera chidaliro pa maziko a nzeru. Tizindikire apa kuti Imam wamkulu chotere adakayikapo, ndipo sadabise.

Atachira, sadathawe mabuku a falsafa, yomwe ana athu kusukulu amaitcha filosofia. Adawerenga al-Farabi ndi Ibn Sina paokha, popanda mphunzitsi, m'nthawi yotsala akamaliza kuphunzitsa, kwa zaka zosakwana ziwiri. Adalemba Maqasid al-Falasifa kufotokoza mwachilungamo zimene anthuwo ankaphunzitsa, ndipo mu Tahafut al-Falasifa adawatsutsa pa mfundo 20. Zitatu mwa izo adaziona kuti ndi ukafiri: kunena kuti dziko lilibe chiyambi, kuti Allah sadziwa zinthu chimodzichimodzi, ndiponso kuti matupi sadzaukitsidwa.

Koma chimene tikufuna makolo amve ndi zimene Imam adakana kutsutsa. Ophunzira zakuthambo ankati kadamsana wa mwezi amachitika dziko likalowa pakati pa dzuwa ndi mwezi, ndipo wa dzuwa amachitika mwezi ukalowa pakati pa ife ndi dzuwa. Imam adavomereza kuti umboni wa zimenezi ndi wolimba, ndipo sukuwombana ndi lamulo la Mtumiki lakuti tiswali kadamsana akachitika. Adachenjeza kuti wokana zoterezi m'dzina la chipembedzo amachivulaza kuposa mdani, chifukwa munthu amene wawerengera yekha tsiku ndi ola la kadamsana, akauzidwa kuti Chisilamu chikukana, sakayikira masamu ake, amakayikira Chisilamu. Adaonanso ngozi ya mbali inayo: wophunzira akachita chidwi ndi kulondola kwa masamu a akatswiri, amayamba kuwatsata mwakhungu ngakhale pa nkhani za Mulungu, pomwe umboni wawo pamenepo ndi wofooka. Mwana wathu akabwera kuchokera kusukulu ndi funso lovuta, ife nkumukalipira kuti asiye zachikunja, tamukankhira ku ngozi yoyamba. Tikangomusiya kuti aliyense wovala jekete la udokotala amuuze zakumwamba ndi zapansi, tamusiya m'ngozi yachiwiri.

Pa nkhani ya moto ndi thonje, Imam adati maso athu amangoona thonje likupsa pamene lakhudzana ndi moto, koma saona kuti motowo pawokha ndiwo wachita zimenezo; wochita weniweni ndi Allah. Patapita zaka zambiri Ibn Rushd wa ku Cordoba adawayankha ndi buku lathunthu, Tahafut al-Tahafut, ndipo mabuku awiriwa amawerengedwa limodzi mpaka lero.

Mu 1095 lilime lawo lidauma pamaso pa ophunzira, chakudya chidaleka kulowa, ndipo madokotala a nthawiyo adati nthendayo gwero lake ndi mumtima. Atadzifufuza adapeza kuti ankaphunzitsa pofuna kutchuka, osati chifukwa cha Allah. Adalimbana nazo pafupifupi miyezi 6, kenako adasiyira banja lawo zofunika, nagawa chuma chotsala, nkunyamuka. Adakhala ku Damascus, komwe ankadzitsekera m'nsanja ya mzikiti waukulu, adafika ku Jerusalem, ndipo pa manda a Mneneri Ibrahim ku Hebron adalumbira kuti sadzalandiranso ndalama za mafumu kapena kulowa m'mikangano ya pabwalo. Adachita Hajj mu 1096. M'zaka zimenezi ndimo adalemba Ihya Ulum al-Din, buku la magawo 40, ndipo gawo loyamba ndi lonena za kudziwa.

Mu 1106 adabwerera kukaphunzitsa ku Nishapur kwa kanthawi, kenako adapita kwawo ku Tus, komwe adamwalira mu Disembala 1111 ali ndi zaka 53. Allah awakhululukire, awakulitsire manda awo, ndipo atikhululukire ife ndi makolo athu.