Laplace ndi Mayendedwe a Mapulaneti

Anzanga, ndifuna kukusimbirani mbiri ya Pierre-Simon Laplace, amene anabadwira ku Beaumont-en-Auge, m'dziko la France, m'caka ca 1749. Atate ace anafuna kuti adzakhale wansembe, koma iye anakonda masamu, napita ku Paris akali mnyamata.

Masiku amenewo anthu ophunzira anali ndi nkhawa. Mapulaneti, ndiwo maiko ozungulira dzuwa, amakokana okha-okha, napatutsana pang'ono m'njira zao. Jupiter anaoneka ngati alikuonjeza liwiro, pamene Saturn analikucepetsa. Kodi tsiku lina zonsezi sizidzapasuka? Ngakhale Newton anaganiza kuti Mulungu ayenera kumazikonza nthawi ndi nthawi.

Laplace anawerengera mosatopa, ndipo m'caka ca 1785 anapeza cifukwa cace. Jupiter akazungulira dzuwa kasanu, Saturn amakhala atazungulira pafupi-fupi kawiri. Motero kupatukako kumakula, kenaka nkubwereranso mwakale pakapita zaka monga 900.

Nzeru zotere anazisonkhanitsa m'mabuku asanu a Mécanique Céleste, amene anasindikizidwa kuyambira 1799 kufikira 1825. Anamwalira ku Paris m'caka ca 1827.

Ine ndatolapo phunziro ili: cinthu cikaoneka coopsa, tiyambe taciwerengera bwino tisanacite mantha.